Mafunso ndi mayankho: chiyambi cha a Narentani ndi mmene anakhazikikira pagombe la Adriatic

Tsamba lino likuyankha mafunso amene owerenga mbiri ya ku Balkan amafunsa kawirikawiri okhudza a Narentani, limodzi mwa mafuko amene buku lakale la ku Constantinople limati anatuluka mwa a Serb. Mafunso oyambirira ndi apafupi, ndipo akutsogolo akulowa m'nkhani zimene akatswiri a mbiri yakale amatsutsana.

Kodi a Narentani anali ndani?

A Narentani anali fuko la Asilavo limene linkakhala kum'mwera kwa Dalmatia, pagombe la kum'mawa kwa nyanja ya Adriatic, pakati pa mtsinje wa Cetina ndi mtsinje wa Neretva, komanso pa zilumba zinayi zoyang'anizana ndi gombelo. Gombe ndi zilumbazo lero zili m'dziko la Croatia. Dzina la fukoli limayamba kumveka m'nkhani za cha m'ma 830, ndipo limamveka mwamphamvu kufikira chaka cha 1000, pamene a ku Venice anawathyola mphamvu.

Anatchuka ndi zinthu ziwiri: uchifwamba wa panyanja, umene unasowetsa mtendere amalonda a ku Venice kwa zaka zoposa 150, ndiponso kukana ubatizo pa nthawi imene anansi awo anali atalandira kale Chikhristu. Palibe cholembedwa cha iwo eni cha m'zaka za m'ma 800 ndi 900 chimene chinatifika, choncho zonse zimene timadziwa za iwo zinatuluka m'kamwa mwa adani awo, kapena mwa olamulira akutali amene ankafuna kuwaika pansi pa ulamuliro wawo. Owerenga asaiwale zimenezi pamene akuwerenga mayankho otsatirawa.

N'chifukwa chiyani m'mabuku ena amatchedwa a Pagani, ndipo m'ena a Neretljani?

Aliyense ankawatchula monga mmene ankawaonera. A ku Venice, polemba m'Chilatini, ankati Narentani, potengera mtsinje wa Neretva, umene Aroma ankautcha Naro kapena Narenta. Agiriki a ku Constantinople ankati Arentani, komanso Pagani, kutanthauza osabatizidwa, ndipo dziko lawo ankalitcha Pagania. M'zolemba zina za Chilatini muli dzina lakuti Mariani, anthu a kunyanja. Akatswiri a ku Serbia masiku ano amalemba Neretljani, pamene a ku Croatia amalemba Neretvani. Pa mayina onsewa palibe limene tingaloze chala n'kunena kuti ndi mmene eni ake ankadzitchulira.

Dziko lawo linali lalikulu bwanji, ndipo linali lotani?

Linali laling'ono ndi lopapatiza. Kuchokera ku Omiš, pamene Cetina amathira m'nyanja, kukafika kumathiriro a Neretva ndi mtunda wosakwana makilomita 100, ndipo mbali yaikulu ya mtunda umenewo ndi kanjira chabe ka nthaka pakati pa madzi ndi phiri la Biokovo, limene nsonga yake yaitali, Sveti Jure, imafika mamita 1,762. Phirilo limakwera mwadzidzidzi kuchokera kugombe, moti gulu lankhondo lochokera kumtunda linkayenera kudutsa m'mipata yochepa yodziwika. Kum'mwera, Neretva asanalowe m'nyanja, ankamwazika m'madambo ndi m'mabango, malo amene mlendo amasochera koma mwini wake amabisamo bwato mosavuta.

Buku lija la ku Constantinople, la mfumu Constantine, limati dzikoli linagawidwa m'zigawo zitatu zotchedwa župa. Ziwiri, Rastoka ndi Mokros, zinali m'mbali mwa nyanja ndipo zinali ndi ngalawa zankhondo. Chachitatu, Dalen, chinali kutali ndi nyanja ndipo anthu ake ankadalira ulimi. Bukulo limatchulanso midzi inayi ya malinga yokhalamo anthu, yomwe ndi Mokron, Beroullia, Ostrok ndi Slavinetza. Akatswiri ambiri amagwirizana kuti Mokron ndi dera la Makarska ndipo Ostrok ndi Zaostrog. Zilumba zawo zinali Brač, Hvar, Korčula ndi Mljet, ndipo wolembayo anasamala kunena kuti zilumba za Vis, Sušac ndi Lastovo sizinali m'manja mwawo.

Kodi nkhani za iwo timazitenga kuti?

Magwero akuluakulu ndi awiri. Loyamba ndi buku limene mfumu yaikulu ya ku Constantinople, Constantine VII Porphyrogenitus, inasonkhanitsa cha pakati pa 948 ndi 952 kuti mwana wake Romanos aphunzirepo za mitundu yozungulira ufumuwo ndi mmene angachitire nayo. Linalembedwa m'Chigiriki, koma limadziwika ndi dzina la Chilatini limene linapatsidwa pambuyo pake, De Administrando Imperio. Mitu 29 mpaka 36 ndi imene imakamba za Dalmatia, a Croat, a Serb ndi anansi awo, ndipo mutu 36, waufupi kwambiri, ndi wa a Pagani okha. Lachiwiri ndi mbiri ya Venice imene John the Deacon, mtumiki wa mtsogoleri wa mzindawo Pietro II Orseolo, analemba kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1000.

Awiriwa amasiyana pa zimene ankafuna kudziwa. Constantine ankafuna kudziwa kumene mtundu uliwonse unachokera ndi amene uyenera kumugonjera, pamene John ankawerenga ngalawa zimene zinamira ndi mapangano amene anasweka, osalabadira za makolo a adaniwo. Choncho funso la kumene a Narentani anachokera limayankhidwa ndi buku limodzi lokha, lolembedwa patatha zaka zoposa 300 kuchokera pa nthawi imene likufotokoza.

Nanga bukulo limati anachokera kuti?

Mutu 36 umanena mosapita m'mbali kuti a Pagani ndi mbadwa za a Serb osabatizidwa, a m'nthawi ya kalonga uja amene anapempha chitetezo kwa mfumu Heraclius, yomwe inalamulira kuyambira 610 mpaka 641. Nkhani ya kalongayo ili m'mutu 32. Akuti a Serb ankakhala kumpoto, kuseri kwa dziko limene lero ndi Hungary, pamalo amene iwo ankawatcha Boiki, moyandikana ndi dziko la a Frank, mtundu wamphamvu wa kumadzulo kwa Ulaya, ndiponso la a Croat osabatizidwa. Mfumu yawo itamwalira inasiya ana aamuna awiri, ndipo mmodzi anatenga theka la anthu n'kupita kwa Heraclius, amene anawapatsa malo m'chigawo cha Thessalonica. Malowo anatenga dzina lawo, ndipo anthu amawagwirizanitsa ndi tauni ya Servia kumpoto kwa Greece.

Sanakhazikike kumeneko. Patapita nthawi anaganiza zobwerera kwawo, mfumu inawalola, koma atawoloka mtsinje wa Danube anasintha maganizo, natumiza uthenga kudzera kwa mkulu wa asilikali wa ku Belgrade kuti apatsidwe malo ena. Pamenepo mfumu inawakhazika m'madera amene a Avar, mtundu wa ankhondo okwera pa akavalo, anawasandutsa mabwinja: Serbia, Pagania, Zachlumia, Travunia ndi dziko la a Kanalitai, lomwe lero ndi Konavle, kum'mwera kwa Dubrovnik. Malinga ndi nkhani imeneyi, a Narentani ndi gawo la anthu a kalonga uja limene linatsikira kugombe. Dzina la kalongayo silinalembedwe.

Kuti kumpoto kunalidi anthu otchedwa dzina lomweli si nkhambakamwa. Mbiri ya a Frank yodziwika ndi dzina la Fredegar imatchula Dervan, mtsogoleri wa a Surbi, amene cha mu 631 anachoka kumbali ya a Frank n'kulowa mu ufumu wa Asilavo umene unkalamulidwa ndi Samo. Mbadwa za Asilavo a kuderalo, a Sorb, zilipobe kum'mawa kwa Germany, mozungulira Bautzen ndi Cottbus. Ndiponso mbiri ya pachaka ya mafumu a Frank imanena kuti mu 822 kalonga Ljudevit, pothawa ku Sisak, anapita kwa a Sorabi, mtundu umene unkanenedwa kuti uli ndi gawo lalikulu la Dalmatia.

Kodi nkhani ya abale awiri ndi Heraclius ndi yodalirika?

Ili ndi phata la zoona, koma yavekedwa zovala za m'nthawi ya amene anailemba. Chigawo cha Thessalonica, monga mmene bukulo likuchitchulira, chinakhazikitsidwa patapita zaka pafupifupi 200 Heraclius atamwalira. Dzina lakuti Belgrade limaoneka koyamba m'kalata ya papa ya mu 878. M'masiku a Heraclius malowo anali Singidunum, ndipo n'zokayikitsa ngati ufumu unali ndi mkulu wa asilikali kumeneko. Heraclius mwiniyo anali pa nkhondo yoopsa ndi Aperisiya kufikira 628, mzinda wake wa Constantinople unazingidwa ndi a Avar ndi Asilavo mu 626, ndipo mu 636 anagonja kwa Aluya pa Yarmuk. Olemba a m'nthawi yake sanenapo kanthu za pangano ndi a Serb. Mfumu imene inali m'mavuto otere sikanakhala ndi mphamvu zogawa malo ku Dalmatia. Chimene ikanatha n'kuvomereza zimene zinali zitachitika kale, n'kuzipatsa dzina laulemu.

Tiyeneranso kufunsa kuti nkhaniyo inkapindulira ndani. M'zaka za m'ma 900 Constantinople inkalimbirana a Serb ndi ufumu wa Bulgaria, ndipo mutu 32 umatha ndi mawu otsindika kuti kalonga wa Serbia wakhala pansi pa mfumu ya Aroma, kutanthauza ya ku Constantinople, kuyambira nthawi ya Heraclius ndipo sanakhalepo pansi pa wa Bulgaria. Nkhani yoti malo anachita kupatsidwa ndi mfumu inali ngati chikalata cha umwini. Komanso nthano za abale amene amagawana anthu n'kupatukana zimapezeka m'mitundu yambiri, ndipo m'buku lomweli a Croat akuti anatsogoleredwa ndi abale asanu ndi alongo awo awiri.

Akatswiri ena amaona kuti mitu imeneyi inatengedwa m'cholembedwa chakale kuposa Constantine, ndiye amaipatsa kulemera kwakukulu. Ena, makamaka otsamira pa zofukulidwa pansi, amati mayina a mafuko anakhwima ku Balkan komweko m'zaka za m'ma 700 ndi 800. Maganizo apakati, amene wolemba tsamba lino akuona kuti ndi olimba, ndi akuti gulu la ankhondo lonyamula dzina la Serb linabweradi kuchokera kumpoto, koma linapeza Asilavo ena atafika kale, ndipo dzinalo linafalikira pang'onopang'ono kwa anthu amene makolo awo sanayende nawo ulendo umenewo.

Kodi anapeza dziko lopanda anthu, monga mmene bukulo likunenera?

Ayi, ngakhale kuti chiwonongeko chinalipo ndithu. M'chigwa cha Neretva munali mzinda wa Aroma wa Narona, pamene lero pali mudzi wa Vid pafupi ndi Metković, ndipo unatha m'zaka zimenezi. Salona, likulu la Dalmatia, linasiyidwa m'theka loyamba la zaka za m'ma 600. Ndalama zimene wina anakwirira kumeneko, zosulidwa cha m'ma 630, zimaonetsa kuti anthu analimobe pambuyo pa 614, chaka chimene mabuku akale ankati mzindawo unagwa. Othawa anakabisala pa zilumba ndi m'nyumba yachifumu ya Diocletian, mfumu yakale ya Aroma, imene inasanduka mzinda wa Split. Papa John IV, yemwe kwawo kunali ku Dalmatia ndipo anali pampando kuyambira 640 mpaka 642, anatuma mkulu wa amonke dzina lake Martin ndi ndalama zokawombolera anthu ogwidwa ukapolo ku Dalmatia ndi ku Istria. Munthu sawombola akapolo kwa anthu amene sangakambirane nawo, choncho pofika nthawi imeneyo obwerawo anali atakhala pansi mokwanira kuti n'kuchita nawo malonda.

Umboni woti eni dziko sanatheretu uli m'mayina a malo. Brač ndi Brattia wa Aroma, Hvar ndi Pharos wa Agiriki, Mljet ndi Melita, ndipo Makar, kamudzi ka pamwamba pa Makarska, kamasunga dzina la Muccurum, malo amene msonkhano wa mabishopu wa ku Salona unapatsa bishopu wake mu 533. Obwera sakanadziwa mayina amenewa pakanapanda wowauza. Kafukufuku wa chibadwa cha mafupa akale amene anafalitsidwa mu 2023 anapeza kuti kusamuka kwa Asilavo kunapereka pakati pa 30 ndi 60 peresenti ya magazi a anthu a ku Balkan a lero, zimene zikutanthauza zinthu ziwiri nthawi imodzi: obwera anali ochuluka zedi, ndipo anakwatirana ndi amene anawapeza. Chiwerengerocho ndi cha Balkan yense, osati cha gombe la a Narentani palokha.

Anthu ochokera kumtunda anaphunzira bwanji za panyanja, n'kufika pokhala pa zilumba?

Asilavo sanali alendo pamadzi. Olemba a ku Constantinople a m'zaka za m'ma 500 ndi 600 amawafotokoza ngati anthu a m'nkhalango, m'mitsinje ndi m'madambo, odziwa kusema mabwato a mtengo umodzi, ndipo mabwato oterowo anagwiritsidwa ntchito pozinga Constantinople mu 626. Koma kuwoloka Adriatic ndi nkhani ina, ndipo anaiphunzira msanga modabwitsa. Paul the Deacon, wolemba mbiri ya a Lombard, akuti cha mu 642 Asilavo anafika ndi ngalawa zambiri pafupi ndi Siponto ku Italy, nakumba mbuna zobisika kuzungulira msasa wawo. Aio, mtsogoleri wa Benevento, atabwera kudzawathamangitsa, hatchi yake inagwera m'dzenje limodzi ndipo anaphedwa pomwepo. Paul sakutchula fuko la Asilavowo, koma Siponto ali tsidya lina moyang'anizana ndi zilumba za kum'mwera kwa Dalmatia, ndipo njira yachidule yowolokera imadutsa pamenepo. Luso lopanga ndi kuyendetsa ngalawa zazikulu liyenera kuti linachokera kwa asodzi ndi amalinyero amene anawapeza pagombe.

Zilumba anazitenga pang'onopang'ono. Brač ali pafupi kwambiri ndi gombe, ndipo nsonga ya kum'mawa ya Hvar imatsala pang'ono kukhudza mtunda. Constantine akuti anthu a m'mizinda ya Aroma ankalima pa zilumba, koma chifukwa chogwidwa ndi kuphedwa ndi a Pagani tsiku ndi tsiku anazisiya n'kufuna minda kumtunda. Pofika 839 a ku Venice ankangoti zilumba za a Narentani, ngati chinthu chodziwika kwa aliyense.

Ankadalira chiyani pa moyo wawo, ndipo ankalamulidwa ndi ndani?

Si onse amene anali achifwamba. Constantine akuti zilumbazo zinali zokongola ndi zachonde, zokhala ndi mizinda ya mabwinja, ndipo anthu ankawetapo ziweto zimene ankadalira. Za alimi a ku Dalen zanenedwa kale pa funso la dziko lawo. Ankachitanso malonda: akuluakulu 40 amene a ku Venice anagwira mu 1000 ankachokera ku Apulia kumene anakagulitsa katundu. Uchifwamba unali ntchito yowonjezera ya anthu okhala pa nthaka yamiyala, amene ngalawa zodzaza chuma zinkadutsa pakhomo pawo, chifukwa oyenda pa Adriatic ankakonda kutsata gombe la kum'mawa, lomwe lili ndi madoko ambiri obisaliramo mphepo.

Mzere wa mafumu awo sudziwika ngati mmene umadziwikira wa a Serb a kumtunda kapena wa a Croat. John the Deacon amatchula Drosaicus, yemwe akatswiri amamutcha Družak, ndi udindo wa woweruza wa a Mariani, komanso Liuditus kapena Ljudislav, amene anagonjetsa a ku Venice mu 840. Mapangano amene a ku Venice ankapangana nawo ankasweka msanga, ndipo chifukwa chimodzi chiyenera kukhala chakuti lumbiro la mtsogoleri mmodzi silinkamanga eni ngalawa a chilumba china.

N'chifukwa chiyani anachedwa kulandira Chikhristu?

Constantine akupereka chifukwa cha malo: akuti ankakhala m'dera la maphompho, lovuta kufikako, choncho pamene a Serb, a Croat ndi ena anabatizidwa iwo anatsala. Kenako, akutero, nawonso anatumiza nthumwi kwa mfumu Basil I, amene analamulira kuyambira 867 mpaka 886, kupempha ubatizo, ndipo mfumuyo inatumiza ansembe. Apa mpofunika kudziwa kuti Basil anali agogo ake a Constantine, ndipo mdzukulu sankaumira poyamikira agogo akewo.

Maphompho okha sakufotokoza zonse, pakuti anthu amene ankafika ku Italy pa ngalawa sanali obisika kwa ansembe. M'nthawi imeneyo ubatizo unkabwera limodzi ndi kugonjera. John the Deacon akuti cha mu 830 nthumwi ya a Narentani inafika kwa mtsogoleri wa Venice Giovanni Participazio, inabatizidwa, n'kupangana mtendere, koma mtenderewo sunakhalitse, ndipo patangopita zaka zochepa amalonda a ku Venice ochokera ku Benevento anagwidwa n'kuphedwa pafupifupi onse. Kwa fuko limene linkadya za ngalawa za Akhristu, kukhala kunja kwa mpingo kunali ndi phindu lake.

Za chipembedzo chawo choyamba zimadziwika kudzera mwa Asilavo onse. Procopius, wolemba wa m'zaka za m'ma 500, akuti ankapembedza mulungu wopanga mphezi, namupatsa nsembe za ng'ombe, ndipo ankalemekezanso mitsinje. Mulungu wa mphezi wa Asilavo anali Perun, ndipo pafupi ndi Split, kumpoto pang'ono kwa malire a a Narentani, pali phiri limene mpaka lero limatchedwa Perun.

Nkhondo zawo ndi Venice zinayenda bwanji?

Mu 839 Pietro Tradonico, doge wa Venice, kutanthauza mtsogoleri wa mzindawo, anabwera ndi ngalawa, napangana mtendere ndi Mislav wa a Croat, kenako ndi Družak pa zilumba. Chaka chotsatira anabweranso mwankhondo ndipo anabwerera atataya anthu oposa 100. Mu 846 Asilavo anafika mpaka ku Caorle, pafupi ndi Venice penipeni, n'kufunkha tauniyo.

Chochitika chimene chimakumbukiridwa koposa ndi cha mu 887. Doge Pietro I Candiano, atangokhala pampando miyezi yochepa, anatumiza asilikali amene anabwerera chimanjamanja, ndipo mu Ogasiti ananyamuka yekha ndi ngalawa 12. Anakocheza pamalo otchedwa Mucules, amene ambiri amati ndi pa Makarska, napitikitsa amene anawapeza, nayamba kuswa ndi nkhwangwa ngalawa zawo zisanu. Ali mkati mwa ntchitoyo eni ake anabwerera, ndipo pa 18 Seputembala doge anaphedwa pagombepo. Mtembo wake unachita kutengedwa mobisa n'kukaikidwa ku Grado. Mu 948 Pietro III Candiano anatumiza ngalawa 33, koma nazonso sizinaphule kanthu, ndipo nkhaniyo inathera m'pangano lina. Kwa nthawi yaitali a ku Venice ankalipira Asilavo a pagombeli msonkho kuti ngalawa zawo zidutse mwamtendere.

Amene analetsa msonkhowo ndi Pietro II Orseolo. Pa tsiku lokumbukira kukwera kumwamba kwa Yesu m'chaka cha 1000 ananyamuka ndi gulu lalikulu la ngalawa, mizinda ya Dalmatia n'kumamulandira umodzi ndi umodzi. Anatuma ngalawa 10 kukabisalira akuluakulu 40 aja pafupi ndi Sušac, ndipo mtsogoleri wa a Narentani, pofuna kuwombola anthu ake, analonjeza kusiya msonkho ndi kusavutitsanso a ku Venice. Doge anamasula onse kupatula 6 amene anawasunga ngati chikole. Korčula anagonjetsedwa ndi nkhondo, ndipo linga la pa Lastovo linagumulidwa. Mwambo wa pachaka wa ku Venice wa pa tsiku limenelo, umene unadzakhala ukwati wa doge ndi nyanja, umakumbutsa za ulendo umenewu.

Ndiye anali a Serb kapena a Croat?

Funso ili ndi limene limautsa mapiri pachigwa, chifukwa mayankho ake akhala akugwiritsidwa ntchito pa mikangano ya malire ya masiku ano. Mbali ya a Serb ili ndi mawu omveka a Constantine, amene tawatchula pa funso la kumene anachokera. Bukulo limawonjezera kuti pamene kalonga Petar Gojniković, amene analamulira Serbia kuyambira cha mu 892 mpaka 917, anakumana ndi Leo Rhabdouchos, mkulu wa asilikali a Constantinople wa ku Dyrrhachium (lero Durrës ku Albania), anakumanira ku Pagania, imene pa nthawiyo inali pansi pa kalonga wa Serbia. Koma chiganizo chomwecho chimathandizanso otsutsa, amene amati Constantine anaona ulamuliro wa m'zaka za m'ma 900 n'kuusandutsa ubale wa magazi wa m'zaka za m'ma 600. Amalozanso ku Zachlumia, dziko loyandikana nalo, limene bukulo limati anthu ake ndi a Serb, koma banja la mtsogoleri wake Michael linachokera kumtsinje wa Vistula, kutanthauza kuti mwambo wa banjalo unali wosiyana ndi wa kalonga wa Heraclius.

Mbali ya a Croat imatsamira pa zimene zinachitika pambuyo pake: deralo linalowa mumpingo wa ku Roma pansi pa bishopu wamkulu wa ku Split, linalumikizana ndi ufumu wa Croatia, ndipo anthu ake lero ndi a Croat. Asilikali apanyanja a Croatia amakondwerera tsiku lawo pa 18 Seputembala, pokumbukira nkhondo ya mu 887 ija. Komabe John the Deacon, amene anakhala pafupi ndi zochitikazo, amatchula a Croat ndi a Narentani ngati magulu awiri osiyana, ndipo sawatchanso a Serb.

Chimene umboni ukulola kunena ndi chakuti ku Constantinople m'zaka za m'ma 900 ankawerengedwa ngati mbadwa za a Serb, kuti kwa kanthawi anali pansi pa kalonga wa Serbia, ndiponso kuti m'zochita zawo zambiri ankayenda paokha. Fukoli silinabwere lopangidwa kale kuchokera kumpoto. Linaumbika pagombe pomwepo, kuchokera mwa obwera ndi eni dziko. Kusiyana kwa Orthodox ndi Katolika, kumene lero kumalekanitsa m'Serb ndi m'Croat, kunalibe tanthauzo lotero m'masiku a Družak, pamene a Narentani sanali mumpingo uliwonse.

Kodi n'zoona kuti mtumwi Paulo anasweka ngalawa pa chimodzi cha zilumba zawo?

Constantine ndi amene akunena zimenezi. Potchula Mljet akuti ndicho chilumba cha Melita cha m'buku la Machitidwe, pamene njoka inaluma Paulo iye n'kuikutumulira pamoto. Amene amakhulupirira zimenezi amaloza pa Machitidwe 27:27, pamene pakunenedwa kuti ngalawa inkatengeka m'nyanja ya Adriya. Akatswiri ambiri a Baibulo amati Melita ndi Malta, chifukwa dzina la Adriya m'nthawi imeneyo linkafikanso kunyanja ya pakati pa Sicily ndi Crete, ndipo ulendo wotsatira wa Paulo, wodzera ku Surakusa, umagwirizana bwino ndi Malta. Mulimonsemo, zimenezi zinachitika zaka zoposa 500 Asilavo asanafike. Dalmatia yeniyeniyo imatchulidwa pa 2 Timoteo 4:10, kumene Tito anapita.

Kodi a Narentani anathera kuti?

Sanaphedwe onse kapena kuthamangitsidwa. Chimene chinazimirira ndi dzina. Chikalata cha mu 1050 chimatchula Berigoj ngati mfumu ya a Mariani, ndipo pambuyo pake gombelo linayamba kutchedwa Krajina. Uchifwamba unapitirira pansi pa banja la Kačić la ku Omiš, limene m'zaka za m'ma 1100 ndi 1200 linasautsa a ku Venice, amalonda ndi apaulendo achipembedzo, mpaka papa anachita kutumiza nthumwi kukalimbana nalo. Zilumba zinayenda njira zosiyana: Mljet inakhala pansi pa olamulira a ku Zachlumia ndi Serbia isanapite kwa Dubrovnik, pamene Brač, Hvar ndi Korčula zinasinthana manja kangapo zisanakhazikike pansi pa Venice mu 1420. Pa Brač, ku Povlja, panatsala chikalata cha mu 1250 cholembedwa m'Chisilavo ndi zilembo za Cyrillic, chosonyeza kuti mbadwa za anthu aja zinali zitayamba kulemba milandu ya malo m'chinenero chawo. Omiš unagwa m'manja mwa Venice mu 1444, ndipo Makarska inatengedwa ndi ufumu wa Ottoman chakumapeto kwa zaka za m'ma 1400.

Lero dzina lakuti Neretvani limanena za anthu okhala kumunsi kwa Neretva, mozungulira Metković, Opuzen ndi Ploče, kumene madambo ambiri anaumitsidwa n'kusanduka minda ya manachesi. Ambiri mwa makolo awo anasamukira kumeneko m'nthawi ya nkhondo za Venice ndi Ottoman chakumapeto kwa zaka za m'ma 1600, choncho ubale wawo ndi fuko lakale ndi wa malo kuposa wa magazi. Kuyambira 1998, mwezi wa Ogasiti uliwonse, amachita mpikisano wopalasa mabwato amakolo kuchokera ku Metković kukafika ku Ploče, mtunda wa makilomita 22.5.